Chigamulo Chimodzi, Makomo Atatu

Ambiri a inu munali musanabadwe pa 28 October 1997, tsiku limene msilikali wodzitcha Captain Solo analowa mu situdiyo ya wailesi ku Mass Media Complex mu Lusaka n'kulengeza kuti boma la Frederick Chiluba latha. Dzina lake lenileni linali Steven Lungu. Ufumu wake sunafike ngakhale nthawi ya nsima ya masana, chifukwa patangopita maola ochepa asilikali a boma anali atailanda kale wailesiyo. Akuluakulu amaikonda nkhani imeneyi pa nsolo ndi pa moto wa pamaliro, ndipo kawirikawiri amaithera pomwepo, pa kuseka. Ine mbali imene ndinadzaifunafuna nditakula ndi ya pambuyo pake, ya m'makhoti, imene siseketsa munthu.

Mu September 1999 Khoti Lalikulu linagamula kuti asilikali 59 aphedwe pa mlandu woukira boma. Chigamulo chinali chimodzi, koma chinagwera makomo 59, lililonse ndi mkazi wake, ana ake ndi nkhalamba zake. Anachita apilo ku Khoti la Suprimu. Khotilo silinatsegule milandu 59 yosiyanasiyana. Linawamva pamodzi, ndipo mu December 2003 linati kwa anthu 44 chigamulo chikhale momwemo, ena amasulidwe. Ena anali atamwalira kale m'ndende akudikira. Mu February 2004 Pulezidenti Levy Mwanawasa, amenenso anali loya, anasintha chilango cha imfa cha anthu 44 aja kukhala zaka za m'ndende.

Tsono taganizani. Anamangidwa pa nkhani imodzi, anaweruzidwa tsiku limodzi, apilo yawo inamvedwa limodzi. Nanga zinatheka bwanji kuti wina apite kwawo, mnzake abwerere kuchitokosi? Ndipo ngati mapeto ake adzasiyana, n'kuwaphatikiziranji? Yankho lake ine sindinalipeze m'buku. Zinandiphunzitsa ndi ng'ombe zinayi.

Kwathu ndi ku Palabana, m'boma la Chongwe, m'dziko la Asoli la Mfumu Yaikulu Nkomeshya Mukamambo II. Inu a ku Bauleni ndi ku Mtendere mumamwa mkaka wathu osadziwa. Kuno kuli sukulu yakale yophunzitsa ulimi wa ng'ombe zamkaka, ndipo mabanja ambiri ozungulira ali ndi ng'ombe ziwiri, zitatu, ena khumi. Tambala asanalire kachiwiri mumamva zitini zikugundana panjinga. Ng'ombe yamkaka kuno si nyama chabe. Ndiyo fizi ya mwana, ndiyo feteleza, ndiyo mankhwala a ambuya. Munthu akaba ng'ombe yotere n'kuipha kuti agulitse makilo, amakhala wapha banki ya banja lonse. Ndikunena izi poyamba kuti musaganize kuti nkhani yanga ikupeputsa mlimi amene anaberedwa. Ndimamudziwa, ndipo mpaka lero sanabwererenso pamene anali.

Usiku wina wa m'nyengo yozizira ng'ombe zake zinayi zinasowa m'khola. Patapita sabata anthu atatu anali m'manja mwa apolisi. Woyamba anali m'busa wa pafamupo, mnyamata wochokera kutali kum'mawa, amene anabwera kudzafuna ganyu ndipo analibe m'bale aliyense kuno. Wachiwiri anali mwini butchala wa m'komboni ina mu Lusaka. Wachitatu anali alongo anga, amene ankayendetsa Canter ya munthu wina, kunyamula njerwa, makala ndi manyowa a nkhuku kwa aliyense wolipira.

Umboni unali wa mitundu itatu, ndipo muusunge bwino chifukwa nkhani yonse yagona pamenepa. Mlonda wa pafamu yoyandikana anati usikuwo anaona galimoto yoyera yonyamula katundu ikutuluka m'kamsewu ka kufamuko, koma nambala sanaione, ndipo nkhope ya dalaivala sanaione. Kuseri kwa butchala kunapezeka zikopa ziwiri ndi matagi a m'makutu okhala ndi manambala a ng'ombe za mlimi uja. Ndiyeno panali sitetimenti ya m'busa, yolembedwa m'Chingerezi kupolisi, yodindidwa chala chake, yonena kuti iye anatsegula khola, alongo anga ananyamula, wabutchala anagula. M'khoti m'busayo anaimirira n'kunena kuti pepalalo analidinda atamenyedwa ndipo sadziwa chimene chinalembedwamo. A majisitireti analemba mawu akewo, mlandu n'kupitirira. Pa atatuwo, wabutchala yekha ndiye anali ndi loya. Panthawiyo lamulo linkati wakuba ziweto alandire zaka zosachepera zisanu, ndipo onse atatu analandira zisanuzisanu.

Panja pa khoti tsiku limenelo panali mabanja awiri osayang'anana. Amama ankati wabutchala ndiye mbava yeniyeni imene yakokera mwana wawo m'dzenje. Mkazi wa wabutchala ankati madalaivala ndiwo amabweretsa nyama yakuba kwa anthu a bizinesi. Chimene tinkagwirizana chinali chimodzi chokha: tonse tinkadana ndi m'busa chifukwa cha pepala lake lija. Iye analibe womulirira. Anakwera galimoto ya ndende osacheuka, poti panalibe woti amucheukire.

Amene anatitsegula maso anali bambo wina wachikulire wa kutchalitchi kwathu, amene anagwira ntchito yomasulira m'makhoti zaka zambiri asanapume. Anabwera madzulo omwewo, anakana ngakhale mpando. “Mayi, kulira mulire mawa,” anatero. “Muli ndi masiku 14 okha. Akadutsa, chitseko chimatsekeka, ndipo kuti chitsegukenso mudzachita kupempha.” Anatiuzanso chinthu chimene ambiri sachidziwa: mkaidi akhoza kupereka chikalata chake cha apilo kwa mkulu wa ndende, iye n'kuchitumiza kukhoti. Sipafunika kuti wachibale akhale ndi galimoto kapena suti. Mawa lake ine ndi amama tinasiya mkaka m'manja mwa mng'ono wanga, tinakwera minibasi kupita ku Legal Aid Board, kumene anthu opanda ndalama za loya amathandizidwa. Alongo anga anasaina chikalata chawo masiku asanathe. Loya wa wabutchala nayenso anapereka chake. Ku Khoti Lalikulu kunatseguka mafayilo awiri, lililonse ndi nambala yake, onse obadwa kwa mayi mmodzi.

Amama ankaganiza kuti apilo ndi kuyambanso mlandu, kuti mlonda uja adzaitanidwanso ndipo iwo adzapeza mpata womufunsa kuti Canter yoyera mu Lusaka ilipo imodzi kodi. Sizili choncho. Pa apilo mboni sizibweranso, kupatula pa zifukwa zapadera. Jaji amawerenga zimene zinalembedwa m'khoti loyamba, liwu ndi liwu, n'kuona ngati woweruza uja analakwitsa lamulo kapena anagamula zimene umboni sukanatha kuzinyamula. Choncho chuma chonse cha apilo ndi mpukutu wa mapepala aja. Ayenera kutaipidwa kuchokera pa zolemba pamanja za a majisitireti, kuwerengedwanso, kusainidwa, kenako kutumizidwa. Athu anatenga miyezi yambiri. Mlandu suwola, amatero akuluakulu, koma munthu amene ali m'kati amaonda.

Tsiku lina loya wathu, mayi wachitsikana wolankhula mofulumira amene patebulo pake panali mafayilo ofika m'chibwano, anatiuza kuti ma apilo awiri aja aphatikizidwa, adzamvedwa ndi jaji mmodzi tsiku limodzi. Amama anaimirira.

“Mwana wanga mwamumanganso chingwe chimodzi ndi mbava ija? Si ndiye chifukwa chake tinabwera kuno, kuti mumulekanitse?”

“Khalani pansi amayi, ndikufotokozereni,” anatero loyayo. Anatenga mpukutu uja n'kuuika pakati pa tebulo. Anati bukuli ndi limodzi. Mlonda ndi mmodzi, sitetimenti ndi imodzi, a majisitireti ndi amodzi. Tiyerekeze kuti fayilo ya mwana wanu yapita kwa jaji wina, ya wabutchala kwa jaji winanso. Woyamba awerenge n'kunena kuti sitetimenti ija inalandiridwa molakwika, itayidwe. Wachiwiri awerenge tsamba lomwelo mwezi wotsatira n'kunena kuti inalandiridwa bwino. Onse awiri ndi majaji a khoti limodzi, mphamvu zawo n'zofanana, palibe wokonza mnzake. Pamenepo khoti lalankhula ndi pakamwa pawiri pa pepala limodzi. Wotsala m'ndende adzati mnzanga anagula chilungamo, ndipo mudzamuyankha chiyani?

Anatchulanso zina zing'onozing'ono. Jaji mmodzi akawerenga mpukutu kamodzi, nthawi ya jaji wachiwiri imapita kwa anthu ena amene ali pamzere. Loya wa boma amayankha kamodzi. Ndiponso ngati loya wa wabutchala akufuna kukankhira mlandu wonse pa dalaivala kuti apulumutse munthu wake, ndi bwino azinena ife tili pomwepo kuti tiyankhe, kusiyana n'kuti azinena m'chipinda china ife osamva. Mfundo yomalizayi ndiyo inawakhazika pansi amama. Koma anafunsabe funso lawo lenileni: wabutchala akagwa, sagwetsa mwana wanga? Loyayo anati ayi. Kumvedwa limodzi si kuweruzidwa ngati munthu mmodzi. Jaji ayenera kutenga dzina lililonse palokha n'kufunsa kuti pa munthu uyu, umboni ndi uti?

Sindikufuna kukunamizani kuti kuphatikiza kulibe mtengo wake. Uli nawo, ndipo amaulipira kwambiri ndi wosauka. Mukamangidwa goli limodzi mumayenda liwiro la ng'ombe yochedwa. Kawiri konse tinadzuka usiku, kulipira minibasi ziwiri kupita ndi ziwiri kubwera, kungokamva kuti loya wa mbali inayo wapempha tsiku lina chifukwa ali ndi mlandu kwina. Kwa iye linali tsamba la m'dayale. Kwa ife unali mkaka wa tsiku lonse ndi mwezi wina wa alongo anga pa simenti. Maganizo anga ndi akuti khoti likaphatikiza anthu, liyeneranso kuumirira kuti wokonzeka asalangidwe chifukwa cha wosakonzeka, makamaka pamene munthu ali m'ndende. Komabe ndikaika mbali ziwirizi pa sikelo, ndimasankha kuchedwa kuja kusiyana ndi zigamulo ziwiri zotsutsana. Kuchedwa kumatha. Zigamulo zotsutsana zimabala apilo ina, ndipo ulendo umayambiranso.

Tili m'kudikira komweko kunabwera matenda a korona, zinthu zambiri n'kuima. Masiku amenewo mafoni athu anadzaza ndi nkhani za ku Malawi, ndipo ine ndinkazitsatira ngati mpira chifukwa ndinaona nkhani yathu itavala jekete lalikulu. Kumeneko chisankho cha pa 21 May 2019 chinapatsa Peter Mutharika upulezidenti. Saulos Chilima ndi Lazarus Chakwera anakadandaula kukhoti aliyense payekha, koma poti ankadandaula za chisankho chimodzi, madandaulo awo anaphatikizidwa n'kumvedwa ndi majaji asanu. Pa 3 February 2020 majajiwo anafafaniza chisankhocho, atapeza zolakwika zambiri kuphatikizapo mapepala a zotsatira ofufutidwa ndi Tipp-Ex, ndipo analamula kuti china chichitike pasanathe masiku 150. Ogonja analinso awiri: Mutharika ndi bungwe loyendetsa zisankho la Malawi Electoral Commission. Aliyense anali ndi maloya ake ndi zifukwa zake, ndipo za bungwelo zinapitirira zana limodzi. Khoti la Suprimu la ku Malawi, majaji asanu ndi awiri motsogozedwa ndi Jaji Wamkulu Andrew Nyirenda, linawamva onse pa mlandu umodzi ndipo pa 8 May 2020 linapereka yankho limodzi: chisankho chibwerezedwe. Chinachitika pa 23 June, Chakwera n'kupambana.

Ndinkawauza amama tikutsuka zitini kuti taganizani akanawamva padera. Gulu lina la majaji linene kuti bungwe linayendetsa bwino chisankho, gulu lina liuze Mutharika kuti sanasankhidwe bwino. Dziko likanadzuka ndi pulezidenti amene ali pampando komanso sali pampando. Asilikali akanamvera pepala liti? Amama anangoti, “Iwowo ndi a maloya ambirimbiri, mlandu wawo watha miyezi itatu. Wanga mwana?” Ndinalibe choyankha. Mlandu wa dziko lonse umathamanga chifukwa dziko lonse likuuyang'ana.

Tsiku lathu linafika. Munalibe zokoma za m'mafilimu. Maloya awiri analankhula mosinthana, wa boma anayankha, jaji ankangotembenuza masamba n'kufunsa kuti zimenezo zili patsamba liti. Tinauzidwa kubweranso kudzamva chigamulo. Pa tsiku la chigamulolo amama anakhala benchi imodzi ndi mkazi wa wabutchala chifukwa malo analibe, chitenje kukhudzana ndi chitenje, osapatsana moni.

Jaji anayamba ndi sitetimenti ya m'busa. Anati woimbidwa mlandu akanena kuti mawu ake anachita kumufinya, woweruza sayenera kungolemba n'kupitirira. Ayenera kuimitsa mlandu waukulu n'kuzenga kamlandu kena m'kati mwake, kuti boma lisonyeze kuti munthuyo analankhula mwa kufuna kwake. Zimenezo sizinachitike, choncho pepalalo silinayenere kugwiritsidwa ntchito. Anawonjezera kuti ngakhale likanalandiridwa bwino, mawu amene woimbidwa mlandu wanena kupolisi amamugwira iye mwini, sagwira mnzake amene sanalipo pomwe ankanenedwa ndipo sanathe kuwatsutsa. Apo ndinamva amama akundifinya dzanja.

Kenako anatenga mayina limodzilimodzi, monga loya uja ananenera. Pa alongo anga, pepala lija litachoka, chinatsala ndi galimoto yoyera yopanda nambala ndi dalaivala wopanda nkhope. Jaji anati zimenezo sizingasunge munthu m'ndende. Anawamasula. Pa wabutchala, pepala lija litachoka, zikopa ndi matagi zinatsala pomwepo kuseri kwa butchala yake, patangopita masiku ochepa ng'ombe zitabedwa. Analibe chikalata cha adokotala a ziweto chololeza kusamutsa ng'ombe, analibe cha apolisi, ndipo zimene anafotokoza za kumene anagula nyamayo a majisitireti sanazikhulupirire. Jaji anati khoti la apilo silifulumira kutsutsa woweruza amene anaona mboni ndi maso ake pa nkhani ya amene akunena zoona. Zaka zisanu zinakhala momwemo.

Mayi uja analira mokweza. Amama, amene miyezi yonseyi ankamutchula ndi mawu oti sindingawalembe pano, anamugwira paphewa n'kumutulutsa panja. Ine ndinatsala ndikuganiza za asilikali aja. Ndi mmene zinakhalira kuti 44 atsale, ena apite: buku limodzi, koma dzina lililonse ndi masamba ake.

Pali chinthu china chimene ndinachiona tili m'minibasi pobwerera. M'chigamulo chonsecho, dzina limene linatchulidwa kwambiri silinali la alongo anga kapena la wabutchala. Linali la m'busa. Pepala limene jaji analitaya linali lake. Ndipo pa iye, kupatula kuti ankagona pafupi ndi khola monga m'busa aliyense, umboni waukulu unali pepala lomwelo. Pa anthu atatu aja, iye ndiye akanapindula kwambiri ndi mawu a jaji. Koma usiku umenewo anagona m'ndende monga mwa masiku onse, chifukwa fayilo yachitatu kunalibe.

Ndinapita kwa bambo omasulira aja kukafunsa ngati zimenezi n'zololeka. Anapukusa mutu. “Mwanawe, khoti la apilo limayankha amene wagogoda,” anatero. Anafotokoza kuti lamulo limapatsa Khoti Lalikulu mphamvu yoitanitsa fayilo ya khoti laling'ono n'kuiunikanso lokha, koma munthu wanzeru sagona n'kumadikira mwayi umenewo. Njira yodalirika ndi yoti mwini wake apemphe chilolezo chochita apilo mochedwa, afotokoze chimene chinamuchedwetsa, ndipo aphatikizepo chigamulo cha anzake ngati mkondo wake. Akanapereka chikalata chake m'masiku 14 aja, mafayilo akanakhala atatu, akanaphatikizidwa onse, ndipo mawu omwewo a jaji akanamufika tsiku lomwelo popanda kuwonjezera ngwee.

Apa ndiime pang'ono chifukwa cha inu amene nkhani zanu si za ndende. Pa milandu ya malo, ya ngongole kapena ya chuma cha masiye, nthawi ya apilo kawirikawiri ndi masiku 30, ndipo makwerero ake kuyambira 2016 anawonjezeka: pakati pa Khoti Lalikulu ndi Khoti la Suprimu panabwera Khoti la Apilo, ndipo kuti ufike pamwamba penipeni umayenera kupempha chilolezo. Kumenekonso chigamulo chimodzi chimabala ma apilo angapo. Ngakhale wopambana akhoza kudandaula kuti anapatsidwa zochepa, ndipo dandaulo lake limamvedwa pamodzi ndi la wogonja. Ngati ndinu abale anayi amene mwaluza nyumba ya atate anu pa chigamulo chimodzi, musatume mkulu wanu yekha n'kumati akapambana tapambana tonse. Funsani loya ngati dzina lanu lili papepala.

Amene anayambitsa zothandiza m'busa anali alongo anga. Atangotha sabata kunyumba, akudya ngati munthu wobwera ku njala, anati, “Amama, mnyamata uja tikamuone.” Amama anaika chipande pansi. Anati munthu amene anakutchula kupolisi, lero ukufuna ndimuphikire? Alongo anga anayankha kuti miyezi yoyamba iwonso sankamulankhula. Koma m'chipinda chodzaza anthu mumagona mogundana, ndipo bulangete limene amama anatumiza linkafunda anthu awiri. Anati mnyamatayo sanalandirepo mlendo ngakhale mmodzi, ngakhale sopo. Kunyumba kuno ena amakhulupirirabe kuti ndiye anatsegula khola, ndipo jaji sananene kuti ndi woyera. Ananena kuti njira imene anamugwirira inali yokhota. Alongo anga anati zimenezo n'zokwanira, chifukwa njira yokhota yomweyo ndi imene inawadyera iwo zaka ziwiri ndi miyezi.

Loweruka lotsatira amama anakazinga nkhuku, anagula sopo ndi shuga, tinapita. Mnyamatayo atationa anayang'ana pansi. Amama sanatchule za pepala lija. Anamufunsa za kwawo, za amake, ngati akudwala. Ine ndiye ndinamufunsa chifukwa chake sanachite apilo. Anandiyang'ana modabwa.

“Asisi, ine ndimayesa tili m'basi imodzi. Ndinamva kuti anzanga apita ku khoti lalikulu, ndiye ndinati akakafika, nanenso ndafika.”

Za masiku 14 mwina zinanenedwa m'khoti tsiku la chigamulo, koma munthu amene wangomva kuti zaka zisanu makutu ake amakhala atatseka. Panalibe bambo wa kutchalitchi wobwera kwa iye madzulo.

Loya wathu uja anavomera kumulembera pempho lochita apilo mochedwa. Koma anatiwerengera masamu amene anatifooketsa. Mkaidi wa khalidwe labwino amachotseredwa gawo limodzi mwa magawo atatu a chilango chake, choncho zaka zisanu zimakhala zitatu ndi miyezi inayi, ndipo zake zinkawerengedwa kuyambira tsiku limene anagwidwa. Zinali zitatsala pang'ono kutha. Pempho liyenera kumvedwa kaye, likaloledwa apilo ipatsidwe tsiku. Anati mwina adzatuluka yekha tsikulo lisanafike. Komabe anati n'kofunika kupitiriza, chifukwa kutuluka m'ndende n'kosiyana ndi kufafaniza mlandu. Wotuluka chifukwa masiku akwana amanyamula dzina la wakuba ziweto kulikonse kumene zala zake zidzadindidwe, ndipo m'busa wa dzina limenelo palibe mlimi angamupatse khola.

Zinachitikadi choncho. Anatuluka m'mwezi wa mvula, atanyamula kapulasitiki ka zovala. Anagona kwathu masiku atatu. Tsiku lachiwiri anadzuka yekha usiku n'kukathandiza mng'ono wanga kukama, ndipo ng'ombe yathu yovuta ija, imene imaponda aliyense, inangoima phee. Koma kuno sakanakhala. Anthu ankaima pamsewu n'kumaloza nyumba yathu, ndipo mlimi uja anatumiza mawu kwa amama oti akudabwa nawo. Tsiku lachinayi alongo anga anamuperekeza kukakwera basi ya kum'mawa, anamulipirira, iye n'kutisiyira nambala ya foni ya msuweni wake.

Patapita miyezi loya anaimba kuti pempho lija lapatsidwa tsiku ndipo mwini wake akufunika. Ndinaimba nambala ija madzulo omwewo, ndinaimbanso m'mawa, ndinaimba sabata yonse. Alongo anga anafunsa madalaivala anzawo oyenda msewu wa Great East kuti akamve m'misika ya ng'ombe ngati alipo amene wamuona. Kope la chigamulo chija, limene dzina lake lili pafupifupi patsamba lililonse, lili m'sutikesi ya amama pamodzi ndi makadi a ng'ombe. Nambalayo ndimaiyesabe mwezi ukatha, ndipo imayankha kuti foni ndi yozima.